Shinobu Hashimoto, mlembi wa kuseri kwa mafilimu a Kurosawa

Ana inu, tsegulani makope. Filimu isanajambulidwe, pamakhala munthu amene amayamba wailemba yonse papepala: alowe m'nyumba ndani, alankhule mawu otani, mvula igwe nthawi yanji. Ameneyo ndiye mlembi wa filimu. Anthu amene amatchuka ndi ochita sewero komanso wotsogolera, koma wamanga maziko ndi mlembiyu. Lero tiona za Shinobu Hashimoto wa ku Japan.

Anabadwa pa 18 Epulo 1918 m'chigawo cha Hyogo. Mu 1938 analowa usilikali, koma anadwala chifuwa chachikulu n'kugonekedwa m'chipatala cha asilikali ku Okayama. Kumeneko mnzake wodwala anamubwereka magazini ya mafilimu, momwe munali sewero lolembedwa. Atawerenga, anaona kuti nayenso akhoza. Analemba nkhani yake n'kuitumiza kwa Mansaku Itami, katswiri wa ntchitoyi panthawiyo. Itami anamuyankha, n'kumusonyeza pamene walakwitsa, ndipo anapitiriza kumuwongolera mpaka pamene Itamiyo anamwalira mu 1946. Ichi ndicho ndimamulemekezera Hashimoto kwambiri: ntchito yake sanaibise m'thumba, anaipereka kwa wamkulu kuti aidzudzule.

Kenako anatenga nkhani yaifupi ya Ryunosuke Akutagawa, yonena za imfa ya munthu m'nkhalango, n'kuisandutsa sewero la filimu. Zolembazo zinafika m'manja mwa wotsogolera mafilimu Akira Kurosawa, amene anati zafupika, ndipo anaphatikizako nkhani ina ya Akutagawa yemweyo. Ndimo munachokera Rashomon ya mu 1950, imene inapata mphoto yaikulu ku Venice mu 1951.

Apa mvetserani bwino, chifukwa ndi pamene pagona phunziro. M'filimuyi msamurai, msilikali wa ku Japan wakale, wafa, mkazi wake wagwiriridwa ndi wachifwamba. Wachifwambayo akuti anamupha ndi iye, pa nkhondo yachimuna. Mkazi akufotokoza ngati mpeni unali m'manja mwake. Wakufayo, polankhula kudzera mwa mayi wobwebweta, akuti anadzipha yekha. Wodula nkhuni nayenso ali ndi zake. Mwaona chodabwitsa? Pa bwalo la amfumu aliyense amakana mlandu, koma muno atatu akuulimbirana. Chimene akuteteza ndi ulemu wawo, ngakhale atafa nawo. Mlembi sakukuuzani wolondola. Wakukhazikani inu pampando woweruza.

Polemba filimu ya Ikiru ya mu 1952, Hashimoto ndi Kurosawa anaonjezerapo mlembi wachitatu, Hideo Oguni. Nkhani yake ndi ya kalaliki wamkulu wa boma, Watanabe, amene wadwala khansa ya m'mimba, n'kuganiza zomangira ana malo osewerera asanafe. Oguni analangiza kuti munthuyo afe filimu ikadali pakati, kuti chigawo chotsalacho tizimva za iye kuchokera kwa anzake a ku ofesi, ali pamaliro. Taonani mmene kusuntha chinthu chimodzi kumasinthira nkhani yonse.

Atatuwa analembanso Seven Samurai ya mu 1954, atadzitsekera m'nyumba ya alendo ku Atami kwa masabata pafupifupi 6. Ndi nkhani ya alimi osauka amene analemba ganyu asamurai 7, malipiro ake chakudya basi, kuti awateteze kwa achifwamba obera zokolola. A ku America anaitengera mu 1960 n'kupanga The Magnificent Seven. Onse pamodzi, mafilimu a Kurosawa amene Hashimoto analembako ndi 8.

Musaganize kuti popanda Kurosawa sakanayima. Analemba Harakiri ya mu 1962, imene anatsogolera Masaki Kobayashi, ndipo kwa ine iyi ndiyo ntchito yake yakuthwa koposa. Msamurai wosauka akufika pakhomo la banja lolemera kupempha malo odziphera, koma ayamba wawafotokozera nkhani, ndipo pang'onopang'ono nkhaniyo ikuvula eni nyumbawo ulemu wawo wachinyengo. Filimuyi inalandira mphoto ku Cannes mu 1963.

Mnyamata uja wa chifuwa chachikulu anamwalira ku Tokyo pa 19 Julaye 2018, ali ndi zaka 100.

Ntchito ya kunyumba nayi. Lembani mkangano umodzi wa pamjigo, muufotokoze kawiri, m'kamwa mwa anthu awiri amene analipo. Musandiuze wolakwa. Makope ndiwalandira Lachisanu m'mawa.