Zikhomo za Msewu Zikalowa M'munda Mwanu

Naboti analibe kodandaula pamene Ahabu anasirira munda wake wamphesa. Koma ife a m'zidikha za fodya za Kasungu, amene taona M1 akukonzedwa ndi kukuzidwa, ndiponso magiledala a khonsolo akupala misewu yafumbi ya kwa Wimbe ndi kwa Chulu, tiyenera kudziwa kuti lero mwini munda ali ndi malamulo omutchinjiriza, ngakhale msewuwo sangauletse.

Mukangoona zikhomo m'mizere kapena X wofiira pakhoma, yambani mwayeza. Lamulo la misewu limapatula mamita 30 mbali iliyonse kuchokera pakati pa msewu waukulu monga M1, ndipo pa misewu ing'onoing'ono malirewo ndi ocheperapo. Amene anamanga golosale m'kati mwa malire msewu ulipo kale, kawirikawiri alibe pogwira. Koma zikhomo zikapyola malirewo, ndime 28 ndi 44 za malamulo aakulu a dziko a 1994 zili kumbali yanu, pakuti boma silingatenge malo a munthu pokhapokha ntchitoyo ili yothandiza onse, mwini wake wachenjezedwa nthawi ikadalipo, chipukuta misozi choyenera chaperekedwa, ndipo khomo la khoti lili lotsegula.

Mukatero sonkhanitsani umboni. Wa esiteti atulutse pepala la lisi. Wa munda wamakolo apite kwa anyakwawa ndi agulupu, amulembere kalata yodinda yotchula malire ndi anansi olima nawo.

Tsiku lowerengera katundu ndilo tsiku la mlandu wonse, ndipo musatume mwana. Yendani ndi alembi odzawerengera katunduwo phazi ndi phazi, muwaonetse chigafa cha bale ndi mafoloko ake, balani ya njerwa, chitsime chothirira nazale, mabulugama amene munabzala kuti mudzaumitsire fodya, mitengo ya mango, nsungwi, ngakhale fodya amene ali m'munda wosathyola. Chilichonse muchijambule pa foni msanasiyane. Kunena zoona, amene amaiwalika msanga pa tsikuli ndi amayi amasiye ndi matenanti, choncho aimirire pafupi, mayina awo alowe m'kaundula iwo akuona.

Pepala limene simunaliwerenge musalisayine kapena kudindapo chala, ndipo pemphani lanu loti musunge. Musasasule denga chifukwa cha lonjezo la pakamwa, poti akulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wapachala ngwa mphepo.

Mtengo wa chipukuta misozi ukakucheperani, lembani kalata kwa bwanamkubwa wa boma la Kasungu, kapena ku Roads Authority ngati msewuwo ndi waukulu, musayinirane nonse okhudzidwa, ndipo kalata ina yodindidwa tsiku mubwerere nayo. Akakhala chete, dandaulani kwa Ombudsman. Makina akayandikira ndalama zisanatuluke, a Legal Aid Bureau, amene amaimirira osowa ndalama za loya, angakupemphereni chiletso ku khoti lalikulu.