Ulendo umafuna mtendere

Kale anthu ankayenda pansi. Katundu ankasenza pamutu. Mtsinje wa Zambezi ankaoloka pa bwato.

Ku Moatize kuli malasha ambiri. Malasha ndi olemera. Munthu sangawasenze ulendo wautali. Ndiye anamanga njanji. Sitima inafika ku Moatize mu 1949. Inkanyamula malasha kupita ku doko la Beira.

Kenaka kunabwera nkhondo. Njanji inaonongeka. Sitima inaleka kuyenda. Pa mseu wa ku Zóbuè, magalimoto ankayenda pamodzi, moperekezedwa ndi asilikali. Anthu ambiri anathawira ku Malawi.

Nkhondo inatha mu 1992. Anthu anabwerera kwao. Magalimoto anayamba kuyenda opanda mantha. Njanji inakonzedwa. Mu 2011 sitima ya malasha inapitanso ku Beira.

Lero malole amadutsa pa Zóbuè kupita ku Malawi. Ndege zimatera ku Chingodzi, pafupi ndi mzinda wa Tete.

Mafunso
1. Kodi sitima imanyamula ciani ku Moatize?
2. Cinaimitsa sitima n'ciani?
3. Kunyumba funsani agogo: Kodi kale munkayenda bwanji?