Chiphaso cha Mfuti Chimathera Pati? Mafunso ndi Mayankho kwa Anthu a ku Neno

Kabuku aka talembera anthu a m'boma la Neno amene ali ndi mfuti yovomerezeka, amene akulingalira zokhala nayo, komanso abale amene amayenda nawo. Ambiri ndi a geni: opikula mbatatesi ndi tirigu kumtunda kwa Dambe, ogula nandolo ndi manachesi, eni magolosale pa Zalewa ndi pa Lisungwi. Anthu amenewa amayenda ndi ndalama m'misewu ya zii, ndipo Mozambique ali pakhomo pawo penipeni.

Ndimakhala ku Neno koma geni yanga imandifikitsa ku Blantyre, ku Mwanza ndi ku Ntcheu. Kodi chiphaso changa chimagwira ntchito kumeneko?

Inde. Nkhani za mfuti m'dziko muno zimayendera lamulo limodzi, Firearms Act ya 1967, ndipo kaundula wa mfuti amasunga ndi apolisi, omwe likulu lawo lili ku Area 30 ku Lilongwe. Khonsolo ya boma ilibe chiphaso chakechake. Pamene Neno inkapatuka ku Mwanza mu 2003, palibe mwini mfuti amene anafunika pepala latsopano chifukwa cha zimenezo.

Koma chiphasocho ndi cha munthu mmodzi ndi mfuti imodzi: dzina lanu, nambala ya mfuti yanuyo. Chimafunika kuchikonzanso chaka ndi chaka. Chikatha mphamvu, kapena mfutiyo mukampatsa mlamu wanu kuti aperekezere lole ya mbatatesi, pepalalo silitetezanso aliyense. Pa rodibuloko ya pa Zalewa, apolisi akayamba chipikisheni, nenani nokha asanaipeze: “Bwana, ndili ndi mfuti, chiphaso chake ndi ichi.” Manja akhale poonekera. Musathamangire kuisolola kuti muwaonetse.

Nanga zomwe timamva za ku America zoti chiphaso cha dera lina amachivomereza m'dera lina?

Kumeneko dziko ndi limodzi koma zigawo zake 50 chilichonse chili ndi malamulo akeake a mfuti. Chilolezo choyenda ndi pistol yobisa m'zovala chimaperekedwa ndi chigawo, ndiye zigawo zina zimagwirizana kuti “chanu tichilemekeza, inunso mulemekeze chathu.” Zina sizivomereza cha mnzawo ngakhale pang'ono: New York, New Jersey ndi California zili m'gulu limeneli. Mu 2013 mayi wina wa ku Philadelphia, yemwe anali ndi chilolezo chabwinobwino cha ku Pennsylvania, anaimitsidwa pamsewu ali mu New Jersey. Anaulula yekha kuti ali ndi mfuti, koma anamangidwa, ndipo mlandu wake unali woti akakhale m'ndende zaka zoposa zitatu. Anamukhululukira ndi bwanamkubwa Chris Christie mu 2015. Lamulo la dziko lonselo la 1986 limalola munthu kudutsa ndi mfuti m'chigawo chimene sichimuvomereza, koma ikhale yopanda zipolopolo, yotsekeredwa pamalo poti sangaifikire ali pachiwongolero.

Ngati zimavuta chonchi m'dziko la mbendera imodzi, kuli bwanji pakati pa Malawi ndi Mozambique?

Komatu laisensi yanga yoyendetsera galimoto imagwira ntchito ku Tete mpaka ku Joni. Si tonse a SADC?

Apa ndi pamene ambiri amasokonezekera. Maiko a SADC amavomerezana ziphaso za madalaivala chifukwa amafuna katundu ndi anthu aziyenda mosavuta. Pa mfuti cholinga chawo ndi chosiyana kwambiri. Mgwirizano wa SADC wokhudza mfuti ndi zipolopolo unasainidwa konkuno, mumzinda wa Blantyre, mu Ogasiti 2001, n'kuyamba kugwira ntchito mu 2004. Zimene unamanga ndi zoti mfuti zizikhala ndi chizindikiro ndi kaundula, apolisi a maiko azipatsana uthenga, mfuti zolandidwa ziziwonongedwa, ndipo ozembetsa azilangidwa. Mulibe mawu oti chiphaso cha Mmalawi chizigwira ntchito kwa aneba. Mukangoponda Zóbuè, tsidya la chipata cha Mwanza, amene ali ndi mawu pa mfuti yanu ndi apolisi ndi malamulo a Mozambique, ndipo kwa iwo chiphaso cha ku Lilongwe si chilolezo.

Kwathu kulibe chipata. Dimba lathu lili tsidya, malume ali tsidya, msika uli tsidya. Kodi kumeneko n'kutuluka m'dziko?

Funso limeneli ndilo lenileni kwa munthu wa ku Neno. Malire a kuno anaikidwa ndi pangano la Angerezi ndi Apwitikizi la 1891, ndipo m'madera akumtundawa amatsata msana wa mapiri, pamene madzi amagawikana, ena kutsikira ku Shire ena ku Zambezi. Palibe mpanda, palibe mtsinje waukulu. Pali kanjira ka njinga zamoto kodutsa m'minda ya mbatatesi, mwina ndi chipilala cha simenti chobisika m'tchire. Chilankhulo n'chimodzi uku ndi uko, maliro amakhala a tonse, kwacha ndi metikali zimasinthana m'thumba limodzi. Munthu amatha kudzuka, kukagula matumba angapo tsidya, n'kubwerera nsima ya masana isanapse, osaganizako n'komwe kuti wapita kunja.

Kuwoloka kotereku ndi khasu kapena thumba la chimanga akuluakulu a mbali zonse anakuzolowera. Ndi mfuti nkhani imasintha, ndipo milandu imakhala iwiri. Tsidya, ndinu mlendo wokhala ndi chida popanda chilolezo, amenenso mwalowa osadzera pa chipata. Kuno, mwatulutsa mfuti m'dziko ndi kuilowetsanso popanda chilolezo. Mawu oti “sindinadziwe kuti ndadutsa” angakhale oona ndithu, koma muziganizira kuti mudzakhala mukuwanena pa polisi ya dziko la eni, mapepala akulembedwa m'Chipwitikizi, abale anu akusowa poyambira. Ife tikuona kuti ulendo uliwonse wolowera kumalire, ngakhale waufupi chotani, mfuti izitsala kunyumba, yotsekeredwa pamalo olimba, zipolopolo pazokha.

Ndikaibisa mkati mwa jekete kapena pansi pa mpando, adziwa ndani?

Mwina palibe, kufikira tsiku limene wina adzadziwe. Pa chipata cha Mwanza pali a Immigration, a MRA ndi apolisi, ndipo mfuti ndi katundu woyenera kuululidwa. Ikapezeka yobisika pansi pa mpando, simulinso wa geni wodziteteza, ndinu wozembetsa chida, ndipo galimoto ndi katundu zimatsalira pomwepo nkhani ikufufuzidwa. Amene munakwera nawo nawonso amalowa m'mafunso.

Kubisa pakokha kuli ndi matanthauzo osiyana m'maiko osiyana. Ku South Africa lamulo lawo la 2000 limachita kulamula kuti mwini pistol akamayenda nayo pagulu ikhale m'chikwama chake ndipo ikhale yophimbika yonse. Kumeneko kuphimba n'kumvera lamulo, koma kwa amene ali ndi laisensi ya komweko. Kuphimba mfuti kuti anthu asachite mantha n'kwina, kuibisira wapolisi wa pa chipata n'kwinanso.

N'chifukwa chiyani amakhwimitsa chonchi?

Akuluakulu a ku Neno safuna kuuzidwa. Nkhondo ya Frelimo ndi Renamo, kuyambira 1977 mpaka pangano la ku Rome la pa 4 Okutobala 1992, inathamangitsira kuno anthu pafupifupi miliyoni imodzi, ndipo ena anakhala pa kampu ya Luwani m'boma lomwe lino. Kampuyo inatsekedwa mu 2007, n'kutsegulidwanso mu 2016 pamene anthu othawa mikangano yatsopano ku Tete anasamutsidwa kuchokera pa Kapise ku Mwanza. Nkhondo itatha, mfuti za AK-47 zambiri zinatsala m'manja mwa anthu ndi m'maenje m'tchire, zina n'kuwoloka kudzagwiritsidwa ntchito pa umbava kuno. Mfuti zinayendanso chobwerera: mu Disembala 1993, asilikali atalanda zida a Malawi Young Pioneers pa Operation Bwezani, ena mwa apayoniyawo anathawira ku Mozambique.

Kutolera zidazo kunatenga zaka. Kuyambira 1995 apolisi a Mozambique ndi South Africa ankafukula ndi kuphwanya nkhokwe za zida pa ntchito yotchedwa Operation Rachel. Chaka chomwecho bungwe la mipingo ya Chikhristu ku Mozambique, motsogozedwa ndi Bishopu Dinis Sengulane, linayamba kusinthanitsa mfuti ndi makasu, njinga ndi makina osokera. Wapolisi wa ku Zóbuè amene wakulira m'mbiri imeneyi sangaone pistol ya mlendo ngati nkhani yaing'ono.

Ndiye palibiretu njira yovomerezeka yowolokera ndi mfuti?

Ilipo, ndipo alenje a nyama zam'tchire ndi ochita mipikisano yowombera amaitsata. Mumapempha chilolezo chotulutsira mfuti kuno, ndi china cholowetsera kwa kanthawi ku dziko limene mukupita, zonse musananyamuke, ndipo mumadzera pa chipata chovomerezeka n'kuulula. Dziko lililonse limene mukungodutsamo limafunanso pepala lake. Wopita ku Joni pamsewu amadzera Mwanza ndi Zóbuè, Tete, Cuchamano ndi Nyamapanda, Harare, kenako Beitbridge: maiko atatu achilendo, zilolezo zitatu. Ku South Africa fomu yake ndi SAPS 520, ndipo amafuna kuona umboni woti mfutiyo ndi yanu, kuti kwanu analola kuti ituluke, ndi chifukwa chomveka choibweretsera. Kwa munthu wokapikula mabulangete ndi mapoto, ntchito yonseyi siipindula kanthu.

Mchimwene wanga ali ku Joni akufuna kunditumizira pistol pa thiraki. Akuti kumeneko n'zotchipa.

Mukaneni. Ku South Africa laisensi ya mfuti imafuna kuti munthu akhale nzika kapena wokhala ndi chilolezo chokhazikika, ndipo ambiri mwa abale athu kumeneko alibe zimenezo. Pistol yotchipa ya m'makwalala kawirikawiri imakhala yobedwa, nambala yake yofufutidwa, mwinanso inapha kale munthu. Simungailembetse kuno. Dalaivala wa thiraki akagwidwa nayo pa Beitbridge kapena pa Mwanza, adzatchula amene anamutuma ndi amene akuilandira.

Bambo anamwalira n'kusiya mfuti. Ina ndi gogodela ya agogo yothamangitsira anyani. Titani nazo?

Chiphaso si chuma chamasiye, chinatha ndi mwini wake. Kauzeni apolisi, ndipo ngati wina m'banjamo akuifuna, apemphe chiphaso m'dzina lake. Gogodela nayonso ndi mfuti pamaso pa lamulo, ngakhale inasulidwa pamudzi. Mukafukula chida kapena zipolopolo polima, musazigwire ndipo musazinyamule kupita nazo ku polisi nokha. Ikani chizindikiro pamalopo, thamangitsani ana, dziwitsani amfumu ndi apolisi abwere okha.

Nanga ndalama zanga ndiziteteza bwanji ndikamakapikula kumalire?

Akuba ambiri amatsata munthu amene akudziwika kuti wanyamula ndalama. Pamene netiweki ikugwira, lipirani pa Mpamba kapena Airtel Money, ndipo alimi amene mumagula kwa iwo chaka ndi chaka muzipangana nawo zolipirana pa boma kapena pamalo pamene pali ejenti. Zikakhala za m'manja, zigaweni kwa anthu awiri kapena atatu, musamayende tsiku lodziwika sabata iliyonse, ndipo nyengo ya mvula, pamene lole imatha kutitimira m'matope mpaka kuda, nyamukani m'mamawa. A komiti ya chitetezo cha m'mudzi kumene mukukagulako muziwadziwa ndi kusunga nambala zawo m'foni.