Phunziro: Zilembo Ziwiri "cc" ndi Matanthauzo Ake

Anzathu ophunzira, tsopano tikutha kuwerenga mawu athunthu ndi manambala kufikira 1000. Lero tiphunzira mawu amene salembedwa athunthu. Mawu otere timawatcha chidule. Ena tinakumana nawo kale: km m'malo mwa kilomita, kg m'malo mwa kilogalamu, MT m'malo mwa metical. Chidule cha lero n'cha Chingerezi, ndipo chili ndi zilembo ziwiri zofanana: cc.

Wina angafunse kuti, kuofesi amalemba Chipwitikizi, kumudzi timalankhula Chinyanja, nanga Chingerezi n'chachiyani? Tiyang'ane katundu wa m'masitolo ndi m'misika yathu. Malawi, Zambia, Zimbabwe ndi South Africa amachita malonda awo m'Chingerezi. Katundu wolowera pa Calómuè, pa Zóbuè, pa Cassacatiza kapena pa Cuchamano amabwera ndi mapepala a Chingerezi. Mankhwala ambiri amachokera ku India, ndipo nawonso amalembedwa m'Chingerezi. Sitingaphunzire chinenero chonsecho lero, koma zilembo ziwirizi tiyenera kuzidziwa.

Poyamba katchulidwe. M'chinenero chathu chilembo c timachimva m'mawu monga chimanga ndi chaka. M'Chingerezi dzina la chilembochi ndi "si". Choncho cc timawerenga kuti "si-si". Tiyeni titchule tonse pamodzi: si-si.

MUYEZO WA MADZI

Tanthauzo loyamba ndi muyezo. Apa cc ikuimira mawu akuti "cubic centimetre". Tisaope mawu aataliwa. Titenge chinangwa chachiwisi, mpeni ndi rula. Tidule kachidutswa kofanana mbali zonse: sentimita 1 m'litali, sentimita 1 m'lifupi, sentimita 1 msinkhu. Kachidutswako n'kocheperapo kuposa nsonga ya chala chaching'ono. Malo amene kachidutswako katenga ndiwo 1 cc. Kabokosi kotero titakadzaza madzi, madziwo angakhale 1 cc, ndipo angalemere galamu imodzi.

Tsopano tiganizire bokosi lalikulupo, la masentimita 10 mbali zonse. Pansi pake tingayale tizidutswa 10 pa mzere umodzi, mizere 10, zonse 100. Tikasanjikiza kakhumi, tizidutswa tikwana 1000. Bokosi limeneli ndilo lita imodzi. Tilembe m'makope mwathu:

1 cc = 1 ml
1000 cc = lita 1
500 cc = theka la lita

Mzere woyambawo ndiwo mutu wa phunziro lonse. Mililita ndi cc n'chimodzimodzi, monga munthu mmodzi wa maina awiri. Palinso dzina lachitatu, cm³, limene timalipeza m'mabuku a sukulu ndi m'mapepala a boma. Kale panali kusiyana kochepa kwambiri pakati pa miyezoyi, kosaoneka ndi maso. M'chaka cha 1964 nthumwi za mayiko zinakumana ku Paris n'kugwirizana kuti lita ikhale 1000 cm³ ndendende. Kuyambira pamenepo kusiyanako kunatha.

KUCHIPATALA NDI KUKHOLA

Apa tichedwepo, chifukwa apa ndi pamene kuwerenga kumapulumutsa moyo.

Sirinji, imene ambiri timangoitcha jekeseni, ili ndi timizere ndi manambala m'mbali mwake. Ina imalembedwa ml, ina cc, ina zonse ziwiri. Namwino akanena kuti mwana amwe 5 ml, ife n'kupeza kuti kasirinji komwetsera mankhwala kalembedwa cc, tisasokonezeke. Tikoke mankhwala kufikira pa 5. Kasupuni kamene kamabwera m'bokosi la mankhwala kamatenganso 5 ml. Masupuni a kukhitchini ndi osadalirika: ina yakuya, ina yosaya, ina yopindika. Poyeza mankhwala a mwana tisaigwiritse ntchito.

Chinthu china chofunika kuchipenyetsetsa ndi kadontho. M'Chipwitikizi ziwiri ndi theka timalemba 2,5, ndi kamchira pansi. M'Chingerezi amalemba 2.5, ndi kadontho kokha. Kadonthoko n'kakang'ono, ndipo pa pepala lakuda kapena lonyowa sikaoneka bwino. Munthu akapanda kukaona awerenga 25 m'malo mwa 2.5, ndiye kuti mwana wamwa mankhwala ochuluka kakhumi. Nambala ikaoneka yaikulu modabwitsa, tiime kaye, tibwerere kwa namwino. Akuluakulu anati safunsa anadya phula.

Tisasokonezenso cc ndi mg. Pa botolo la paracetamol wamadzi wa ana nthawi zambiri pamalembedwa chonchi: 120 mg/5 ml. Nambala ya mg ikunena kulemera kwa mankhwala enieni amene asungunulidwa m'madzimo. Nambala ya ml ikunena kuchuluka kwa madzi. Tanthauzo lake n'lakuti mu 5 cc iliyonse muli mamiligalamu 120 a mankhwala. Sirinji siyeza mg. Imayeza madzi basi.

Palinso sirinji ya mtundu wina, ya odwala matenda a shuga. Timizere take sitiwerenga cc ayi, timawerenga muyezo wa insulin umene chidule chake ndi U. Pa insulin wolembedwa U-100, mu 1 cc muli miyezo 100. Tsono taonani vuto lake. Dokotala akalemba cc mothamanga ndi cholembera, zilembo ziwirizo zimalumikizana n'kuoneka ngati u, mwinanso ngati 00. Wolemba anafuna kunena 4 cc, wowerenga aona 4 u kapena 400. Pa chifukwa chimenechi bungwe la ku America lotchedwa Institute for Safe Medication Practices linaika cc pa mndandanda wa zidule zoopsa, ndipo limalangiza azachipatala kuti azilemba mL. Ife tikuona kuti langizoli n'labwino kwa ifenso. Powerenga, tidziwe zonse ziwiri. Polemba tokha, mwachitsanzo m'kope la gulu lathu la oweta, tilembe ml.

Oweta ng'ombe ndi mbuzi ku Angónia, ku Tsangano ndi ku Macanga amakumana ndi cc kawirikawiri, chifukwa masirinji a ziweto ndi aakulu, a 10, 20 kapena 50 cc. Mankhwala obaya ziweto amayezedwa potsata kulemera kwa nyama. Tiyerekeze kuti pa botolo palembedwa 1 ml pa 10 kg iliyonse. Ichi n'chitsanzo chabe cha masamu, pakuti botolo lililonse lili ndi muyezo wakewake. Mbuzi ya 30 kg ilandira 3 cc. Ng'ombe ya 250 kg ilandira 25 cc. Wobaya zochepa pofuna kusunga mankhwala amataya ndalama, chifukwa nyama siichira ndipo tizilombo ta matenda timazolowera mankhwalawo. Wobaya zochuluka akhoza kupha nyama yake. Mlangizi wa ziweto ndiye wotiuza mankhwala oyenera ndi malo obaya. Ntchito yathu ndi kuwerenga nambala molondola.

PA NJINGA YAMOTO

Muyezo womwewo timaupezanso pa njinga zamoto zimene zadzaza m'misewu ya ku Ulónguè ndi ku Tete. Pambali pa njinga pamalembedwa 50, 100, 125 kapena 150, ndipo ogulitsa amati "iyi ndi 125 cc".

Ambiri amaganiza kuti nambalayi ikunena liwiro la njinga. Ena amati ndi kukula kwa thanki ya petulo. Onsewa alakwa. Taganizani: 125 cc ndi theka la kapu ya tiyi. Thanki yotero ingatifikitse kuti?

M'kati mwa injini muli chibowo chozungulira chotchedwa silinda. M'menemo muli pisitoni, imene imakwera ndi kutsika ngati munsi mu mtondo. Ikatsika imakoka mpweya ndi petulo, ikakwera imazipanikiza, kenaka moto umayaka n'kuikankhira pansi. Malo amene pisitoni imayenda, kuchokera pansi kufika pamwamba, ndiwo amayezedwa mu cc. Injini ikakhala ya masilinda anayi, amaphatikiza onse anayi. M'Chipwitikizi muyezowu amautcha cilindrada. Galimoto ya 1600 cc ndi yomweyo imene ena amati ndi ya malita 1.6.

Kawirikawiri injini ya cc yambiri imakhala ndi mphamvu zambiri, komanso imamwa petulo wambiri. Wofuna kunyamula matumba a mbatata pa zitunda asankhe yokulirapo. Wongopita kumsika pa msewu wosalala, yaing'ono imukwanira. Njinga yotchuka ya Honda Super Cub, imene inayamba kupangidwa ku Japan mu 1958, inali ya 49 cc yokha, ngakhale anthu ankaitcha 50. Pofika 2017 njinga za mtundu umenewu zinali zitapangidwa 100 miliyoni. Onani kuti opanga amakonda kukweza nambala pang'ono kuti itchulike mosavuta. Nambala yeniyeni tiipeze m'mapepala a njingayo. Nambalayi imakhudzanso malamulo a pamsewu. Ku South Africa, kumene abale athu ambiri amagwira ntchito, laisensi ya A1 imalola munthu kuyendetsa njinga yosapitirira 125 cc.

Pocheza, olankhula Chingerezi nthawi zambiri satchula n'komwe cc. Amangoti "a 125", ndipo mnzawo amamva kuti akunena njinga.

PANSI PA KALATA

Tanthauzo lachiwiri siligwirizana konse ndi muyezo. Tikalandira kalata ya Chingerezi yochokera kuofesi, kumunsi kwake, pansi pa siginecha, tingapeze cc ndi dzina la munthu kapena ofesi ina. Apa cc ikuimira "carbon copy".

Pepala la kaboni tikulidziwa. Ndi lija lopyapyala, la buluu kapena lakuda, limene wogulitsa amaika pakati pa masamba awiri a buku la malisiti. Akalemba pamwamba, zolembazo zimatulukanso pansi. M'Chipwitikizi ndi papel químico. Ralph Wedgwood wa ku England analembetsa pepalali ku boma monga luso lake mu 1806. M'masiku a taipilaita, mlembi ankalowetsa mapepala awiri kapena atatu pamodzi ndi kaboni pakati. Loyamba linkapita kwa mwini kalata, enawo kwa anthu ofunika kudziwa nkhaniyo. Maina awo ankalembedwa pambuyo pa cc.

Choncho cc pa kalata ikutiuza kuti si ife tokha amene taona kalatayi. Zimenezi n'zothandiza kwa alimi. Tiyerekeze kuti gulu lathu lagulitsa soya kwa wamalonda wa kutsidya kwa malire, ndipo malipiro achedwa. Tikamulembera kalata, pansi pake n'kulemba cc ndi dzina la ofesi ya zaulimi, iye adziwa kuti nkhaniyo ili ndi mboni. Koma tisalembe dzina la munthu pa cc popanda kumutumiziradi kalatayo. Limenelo ndi bodza lolembedwa, ndipo likadziwika gulu lonse limachita manyazi.

Masiku ano makalata ambiri amayenda pa foni ndi pa kompyuta, mopanda kaboni, koma dzinali linatsala. Polemba imelo timapeza mzere wa Cc, ndipo pansi pake pali Bcc. Munthu woikidwa pa Cc amaonedwa ndi onse olandira kalatayo. Woikidwa pa Bcc amalandira mobisika, anzake osadziwa, pakuti b ikuimira "blind", kutanthauza kusaona. Olankhula Chipwitikizi amawerenga Cc kuti com conhecimento kapena com cópia, ndipo tanthauzo silisintha. M'maofesi a Chingerezi chidulechi chinasanduka mneni. Bwana akanena kuti "cc me", akutanthauza kuti, ukamatumiza kalatayo unditumizireko inenso.

Pomaliza, pa kanema wa pa foni, monga pa YouTube, pamakhala kabokosi ka zilembo zazikulu CC. Awa ndi mawu akuti "closed captions". Tikadina pamenepo, mawu amene anthu akulankhula amalembedwa pansi pa chithunzi. Anakonzera anthu osamva, ndipo ku America anayamba kuwaonetsa pa wailesi yakanema mu 1980. Kwa ife ophunzira kuwerenga ndi chida chabwino choyeserera.

Nanga tidziwa bwanji tanthauzo loyenera? Tiyang'ane chimene chili pafupi. Nambala ikatsogola, monga 5 cc kapena 125 cc, ndi muyezo. Dzina likatsatira, ndi kalata.

NTCHITO

Tikambirane m'magulu a anthu atatu, kenaka aliyense alembe m'kope mwake.

1. Botolo lili ndi 100 ml. Mwana akumwa 5 cc katatu pa tsiku. Kodi pa masiku 5 amwa ma cc angati, ndipo m'botolo mutsala angati?
2. Potsata chitsanzo cha 1 ml pa 10 kg, ng'ombe ya 180 kg ilandira ma cc angati?
3. Lembani ziwiri ndi theka m'njira ya Chipwitikizi ndi m'njira ya Chingerezi.
4. Mnansi wanu akuti njinga yake ya 150 cc imathamanga makilomita 150 pa ola. Mumufotokozera chiyani?
5. Sabata yamawa aliyense abwere ndi botolo, bokosi kapena pepala lolembedwa cc kapena ml, kuti tidzawerenge pamodzi.