Mtsikana Akaposa Mkulu Wake Msinkhu

Inu makolo, kapena pakhomo panu pali mnyamata wa zaka 13 ndi mlongo wake wa zaka 11, ndipo mwaona kuti mtsikanayo wayamba kumposa mkulu wakeyo kutalika ndi mphamvu zomwe. Musade nkhawa. Amenewa si matenda, ndiponso si kulodzedwa ayi.

Atsikana amayamba kutha msinkhu pakati pa zaka 8 ndi 13, pamene anyamata amayamba pakati pa zaka 9 ndi 14. Mtsikana amasinkhuka kwambiri ali ndi zaka 11 kapena 12, ndipo pa chaka chimodzi akhoza kutalika ndi masentimita 8. Mnyamata amachedwa ndi zaka ngati ziwiri, koma nthawi yake ikakwana amasinkhuka mofulumira, kotero kuti ambiri amadzampitiriranso mlongoyo. Ngati onse awiri ndi atsikana, mng'ono akhoza kukhala wamtali mpaka kalekale, pakuti wina amatengera kuchimuna, wina kuchikazi.

Vuto lenileni limachokera pakamwa pa akuluakulu. Mawu oti "Taona, mwana wakuposa!" amanenedwa moseka, koma wamkuluyo amawasunga mumtima. Ena amayamba kumenya wamng'onoyo pofuna kuonetsa ukulu, ena amangodzipatula osafunanso kuyenda naye kusukulu. Mkhazikeni pansi mwana wotere, mumfotokozere mmene thupi limakulira, ndipo ntchito zoyenera mwana wamkulu, monga kusunga ndalama zakuchigayo, zikhalebe m'manja mwake.

Mtsikanayo naye musamuiwale. Thupi lakula, koma akadali mwana. Musamsenzetse ndowa ya malita 20 kangapo patsiku chifukwa choti ndi wojintcha. Mafupa ake akadali kukula. Musamchepetsere chakudya. Onse awiri adye nyemba, usipa, mazira ndi ndiwo zamasamba, makamaka mtsikana, amene akayamba kusamba sachedwa kuchepa magazi. Amayi kapena azakhali amuuze za msambo usanafike. Ndipo kutalika sikutanthauza kuti wafika pokwatiwa: kuyambira mu 2017 malamulo aakulu a dziko lino salola ukwati wa mwana wosakwana zaka 18.

Pitani kuchipatala ngati mtsikana wamera mawere asanakwane zaka 8, ngati wafika zaka 15 osayamba kusamba, ngati mnyamata wafika zaka 14 popanda chizindikiro chilichonse cha kutha msinkhu, kapena ngati mwana akuonda ndi kudwaladwala. Popita musaiwale kutenga buku lake la kuchipatala.