Wolakwa ndani: kazitape kapena mfumu?

Akurdi ndi mtundu wa anthu okhala m'mapiri a maiko a Turkey, Iran, Iraq ndi Syria. Ali ndi chiyankhulo chao, koma alibe dziko laolao. Kuti timve m'mene iwo amaonera chilungamo ndi kulakwa, tiyeni tione nkhani yao yotchuka ya Mem û Zîn, imene mlakatuli Ehmedê Xanî anailemba cha m'ma 1690 potengera nthano ya makolo.

Nkhaniyi ikuchitikira mu mzinda wa Cizre. Mnyamata Mem akondana ndi Zîn, mlongo wake wa mfumu ya dera la Botan. Koma pakhomo pa mfumupo pali mlonda, dzina lake Beko, munthu wa kaduka ndi miseche. Iyeyu anong'oneza mfumu za chikondicho, naipangira msampha: asewere ndi Mem masewera a chess, wogonja achite zimene wopambana afuna. Mem agonja, naulula yemwe amkonda, ndipo aponyedwa m'ndende. Pamene mfumu isintha maganizo, nthawi yatha kale. Mem amwalira, Zîn nayenso afa ndi chisoni.

Tajdîn, bwenzi la Mem, apha Beko. Beko aikidwa pafupi ndi awiriwo, ndipo anthu amasimba kuti pamagazi ake panamera chitsamba cha minga cholekanitsa manda aowo. Mpaka lero Akurdi amatchula dzina la Beko ponena munthu wodanitsa anzake.

Tikadalekezera pomwepa tikadati mlandu watha. Koma tionetsetse. Beko analibe ndende, analibe asilikali. Chida chake chinali pakamwa basi. Amene analamula kuti Mem amangidwe ndi mfumu. Ndiponso mfumuyo inachenjezedwa kale ndi Tajdîn kuti Beko ndi munthu woipa, koma inakana kumchotsa, poti olamulira amafuna anthu otere pakhomo pao. Ife tikuona kuti apa mpamene mlembiyu analasa: Beko analipira ndi moyo wake, pamene womsunga uja anatsala pampando.

Chodabwitsa china nchakuti Zîn, asanafe, sanafune kuti Beko abwezeredwe choipa.

Tikambirane m'magulu:

1. Pakati pa Beko ndi mfumu, ndani ali ndi mlandu waukulu pa imfa ya Mem? Chifukwa chiyani?

2. Kodi zimene anachita Tajdîn tingazitche chilungamo, kapena kulipsira?