MLIMI WODWALA SHUGA PA NYENGO YA KHASU

Mvula ikagwa, alimi ambiri amalawirira kumunda mbandakuca asanalawe kanthu. Kwa munthu wa thupi labwino palibe cobvuta, koma kwa iye amene adwala shuga nalandira mankhwala a kucipatala, cizolowezi cimeneci ciri ndi ngozi.

Mankhwala monga insulin ndi glibenclamide amatsitsa shuga m'mwazi, ndipo nchito ya khasu imamtsitsanso. M'mimba mukakhala mopanda cakudya, shuga amagwa msanga. Munthu ayamba kunjenjemera, atuluka thukuta lozizira, mtima ugunda kwambiri, ndipo amva njala yoopsa. Pambuyo pace alankhula zosamveka, ayenda dzandidzandi, mwina akalipira anzace popanda cifukwa. Apa ndipo anthu amalakwa kawirikawiri, makamaka pa dima pamene pali mowa: amati waledzera, namgoneka pansi pa mtengo kuti mowa umthere. Sadziwa kuti mowa womwewo umatsitsanso shuga, ndi kuti munthu angathe kufa m'tulo timeneto.

Ngati wodwalayo akali wokhoza kumeza, anzace ampatse masupuni ang'ono 3 kapena 4 a shuga m'madzi, kapena uci. Zikapita mphindi 15 asanatsitsimuke, ampatsenso, ndipo atatsitsimuka adye phala kapena nsima. Koma ngati wakomoka, asamthire kanthu m'kamwa, angatsamwe; amgoneke cam'mbali, nafulumire naye kucipatala. Pa kamakina kopimira mwazi, shuga wosafika 4 ndiye wotsika.

Shuga wokwera alibe liwiro lotere. Amadza pang'onopang'ono, masiku kapena masabata. Ludzu silitha ngakhale munthu amwe cikho ndi cikho. Usiku adzuka kangapo kukataya madzi, ndipo m'mawa mwace nyerere zipezeka zitaunjikana pamene watayirapo. Aonda ngakhale adya bwino, maso acita nkhungu, ndipo bala la khasu kuphazi licedwa kupola. Wotere akapimitse mwazi wace, ngakhale sanauzidwepo kuti ali ndi nthendayi. Akayamba kusanza, kupuma mozama ndi kuodzera, apite tsiku lomwelo.

Nthawi zina a m'banja sadziwa ngati shuga wakwera kapena watsika. Ngati wodwalayo ali pa mankhwala aja ndipo wafooka mwadzidzidzi, ampatse shuga, pakuti masupuni 4 saononga zambiri pa shuga wokwera, koma amapulumutsa moyo pa wotsika. Cifukwa cace mlimi wotere adye asanagwire khasu, anyamule shuga m'kapepala, ndi kuuza olima naye thumba limene waikamo.